Mabotolo Anali ndi Chipinda, Mwana Wanga Analibe

Pali chinthu chimene sindinauzepo munthu, ngakhale bambo a mwana wanga. Madamu aja a ku Edenvale sanandichotse ntchito ayi. Ndinasiya ndekha. Makiyi ndinawaika patebulo ndi dzanja langali, n'kutuluka pachipata mwana ali kumsana. Kunyumba ndinanena kuti andichotsa. Amayi kumudzi ndinawauza zomwezo. Kutchalitchi azimayi anzanga anandizungulira n'kundipempherera ngati munthu wolakwiridwa, ine n'kumavomera ameni mutu uli pansi. Chimene chikundivuta si bodzalo kwenikweni, koma kuti mkwiyo umene unanditulutsa pachipata paja sunazirale mpaka lero. Ndikati ndiugoneke, umadzuka.

Ndinabwera ku Joni ndili ndi setifiketi ya kukoleji, ya ntchito za muofesi. Ili m'pepala la pulasitiki pansi pa sutikesi, palibe anaifunsapo. Ntchito imene inapezeka ndi ya m'nyumba: kuchapa, kusita, kukolopa. Amuna anga ndi alonda pa nyumba zosungiramo katundu kufupi ndi bwalo la ndege ku Kempton Park. Timakhala ku Tembisa, m'kachipinda ka kuseri kwa nyumba ya mayi wina wachizulu amene tonse pabwalopo timangowatcha masitandi, eni malo. Mwana wathu ndi mmodzi, wamkazi. Pa nthawi imene ndikunenayi n'kuti atangoyamba kulumikiza mawu awiri, ndipo mawu amene ankawakonda kwambiri anali akuti "ayi" ndi "ndege".

Madamu anga anali mayi wophunzira kwambiri, wokhala yekha m'nyumba yaikulu. Ntchito yawo inali yoyeza mpweya. Poyamba ndinkaona ngati nthabwala, mpweya n'kuuyeza ngati ufa? Ankachoka kwa milungu ingapo kupita kuphiri lina lalitali, kutali ndi kuno, kumene kuli nyumba yoyezera za mumlengalenga. Zithunzi zake zinali pakhoma pabalaza, ine ndi amene ndinkazipukuta fumbi: kanyumba koyera pansonga penipeni pa phiri, mitambo ili m'munsi ngati thonje lotayika, pambali pake nyumba ina yadenga lobulungira ya anthu oonera nyenyezi, kenako chitsulo chachitali chokhala ndi mapaipi okoka mpweya.

Tsiku lina ndikupukuta anandifotokozera za malamulo a kumeneko. Kusuta n'koletsedwa. Moto wa panja n'woletsedwa. Galimoto imaima m'munsi, anthu n'kumalizitsa ndi miyendo. Mphepo ikamaomba kuchokera ku kanyumba kogona kulowera ku mapaipi, ngakhale kukazinga dzira amayamba adikira. Zonsezo n'cholinga choti mpweya umene makina akukoka ufike woyera monga mmene Mulungu anausiyira.

"Ndiye kuti mpweyawo ndi mfumu, Madamu," ndinatero.

"Ndi mfumudi," anayankha akuseka. "Ife tonse kumeneko ndife antchito ake."

Kuseri kwa nyumba yawo kunali chipinda cha wantchito, chokhala ndi bafa lakelake ndi zenera loyang'ana kumtengo wa mandimu. Simunkagona munthu. Munkagona mabotolo, ena agalasi ena achitsulo, m'mabokosi oyalamo siponji, odikira tsiku lopita kuphiri kukatunga mpweya. Chipinda chimenecho ndinkakolopa ndi madzi okhaokha, opanda sopo wonunkhira, ndipo tsiku lolowamo sindinkaloledwa kudzola mafuta afungo. Sizinkandipweteka nthawi imeneyo. Nyumba ya eni, malamulo a eni.

Amene anakhalako ku Tembisa m'nyengo yozizira akudziwa zimene ndikufuna kunena. Dzuwa likangopendeka mbaula zimatuluka pakhomo lililonse. Ena malasha, ena zidutswa za matabwa openta, ena chilichonse choyaka. Utsiwo sukwera kumwamba. Umayala pamwamba pa malata ngati bulangete lonyowa, ndipo ukatsika tekisi madzulo umaumva m'mano. Mwana wanga, Meyi akangolowa, chifuwa chinkayamba kulira ngati kamwana ka mphaka kotsekeredwa m'kabati. Kukiliniki anati ndi mphumu, anatipatsa kampope kopopera m'kamwa. Ine ndine munthu wamantha chibadwire, ndivomere. Akagona ndinkaika khutu pamsana pake kumvetsera. Amuna anga ankati, "Amake mwana, mumusiye agone. Khutu lanulo lidzamerera pamenepo."

M'mawa wina ndinafika kuntchito mochedwa chifukwa cha mzere wa kukiliniki. Madamu anafunsa, ndinawauza za utsi. Maso awo anawala mwa mtundu wina umene pa nthawiyo ndinauyesa chifundo. Anati akhala akufuna kwa nthawi yaitali kuyeza mpweya wa kulokeshoni kuti auike pambali pa wa kuphiri, anthu aone kusiyana kwake. Anatulutsa kabokosi kotalika ngati wailesi yakale, kokhala ndi batire, kagalasi kotapa dzuwa ndi kapaipi kovala chipewa. Anati ndikakaike padenga lathu ku Tembisa. M'kati mwake muli kapepala kozungulira kamene mpweya umadutsamo. Lolemba lililonse ndizikachotsa ndi kopanira, n'kukatsekera m'kambale kapulasitiki, n'kuikamo katsopano. Nyengo yonse yozizira, osadumpha ngakhale mlungu umodzi, chifukwa mzere ukaduka ntchito yonse yafa.

"Anthu opanga malamulo samva ukawauza kuti ana akutsokomola," anatero. "Amamva ukawaonetsa zimene makina apeza."

Ndisaname, ndinanyada. Chifikireni ku Joni kanali koyamba kupatsidwa ntchito yofanako ndi setifiketi yanga. M'tekisi ndinakanyamula pamiyendo ngati khanda.

Masitandi atationa tikukweza makwerero anatuluka atagwira m'chiuno, n'kundiitana makoti, monga Azulu amaitanira mtsikana wapabanja. "Hawu, makoti, yini le, n'chiyani ichi? Mukufuna kutijambula tikusamba?" Ndinawafotokozera m'Chizulu changa chothyokathyoka kuti ndi makina onunkhiza utsi. Anaseka mpaka kutsamira khoma. "Utsi wofunika makina? Auze madamu akowo abwere ndi mphuno yawo, ndi waulere." Amuna anga anamanga kabokosiko ndi waya pamtanda wa denga uku akung'ung'udza. "Anyamata osuta nyaope, mankhwala ozunguza bongo aja, akangoba ichi, amake mwana, mudzalipira ndi impso."

Lolemba loyamba ndinakwera m'mamawa, chisanu chili m'manja. Kapepala kaja kanalowa koyera ngati mkate wa mgonero. Kanatuluka kakuda bii, ngati kunsi kwa ketulo. Ndinachita manyazi osaneneka. Ife tinaleredwa kuti chinthu chobwereka sichibwerera kwa mwini chili chakuda. Mbale ya eni umaitsuka, mpango wa eni umauchapa n'kuupinda. Amayi akanandimenya kundiona ndikubweza chinthu chotero. Komanso ndinaganiza kuti Madamu akaona, aziti mtsikana amene amandiphikirayu amachokera m'dzala. Ndiye ndinatenga kasopo ndi madzi ofunda, n'kukasisita pang'onopang'ono ndi nsonga ya chala. Kanang'ambika m'mbali koma kanayererako. Nditafika kuntchito ndinakayala pansi pa kansalu n'kukasita ndi simbi yofunda pang'ono, kuti makwinya achoke.

Madamu anatsegula kambale kaja, anayang'ana, anayang'ananso.

"Ichi n'chiyani?"

"Ndachapa, Madamu. Kanada kwambiri."

Anakhala pampando n'kuseka mpaka kuvula magalasi. Sikunali kuseka konyoza, ndiwachitire chilungamo, ndipo nanenso ndinayamba kuseka nawo. "Mwana wanga, litsirolo ndi limene ndikufuna! Wachapa ntchito yonse ya mlungu!" Anandifotokozera kuti makinawo amakoka mpweya pang'onopang'ono, usana ndi usiku, monga mmene munthu amapumira, ndipo zonse zimene zili mumpweyamo zimatsalira pakapepala. Anati m'nyengo yozizira mpweya wozizira umakhala pansi, wofunda pamwamba, ngati chivundikiro pa poto, n'chifukwa chake utsi umasowa kothawira. Ukakhala paphiri kapena m'ndege, anatero, umachiona chivundikirocho, chofiirira, chitagona pamwamba pa matauni.

Kuseka kwanga kunathera pa mawu akuti monga mmene munthu amapumira.

"Madamu, nanga kapepala ka m'chifuwa mwa mwana wanga amasintha ndani Lolemba?"

Anavala magalasi aja. Anati n'chifukwa chake ntchitoyi ndi yofunika. Ndinabwerera ku simbi yanga.

Kuyambira tsiku limenelo sindinakhalenso munthu yemwe uja. Utsi ndinkaudziwa kale, koma tsopano ndinali nditaugwira ndi chala. Lolemba lililonse ndinkatsika padenga ndi kambale m'thumba, n'kupeza mwana akutsokomola pamphasa, ine n'kumayang'ana kachifuwa kake kakang'ono ndikuona kapepala kakuda m'katimo. Mbaula ndinailetsa m'chipinda mwathu. Amuna anga akaweruka atauma ndi chisanu cha pachipata cha eni, ankapeza m'nyumba muli zii ngati m'firiji, ndipo tinkakangana. "Mwana asafe ndi utsi, koma afe ndi chibayo?" ankatero. Ndinapita kwa masitandi kuwapempha kuti mbaula yawo aziyatsira kutsogolo, osati pansi pa zenera lathu. Anandiyang'ana kuyambira kumapazi. "Makoti, mafupa angawa ndi okalamba. Ukufuna ndiwotche chiyani, mapemphero?" Ndikanakwiyira ndani? Aliyense pabwalopo ankangofuna kufika m'mawa asanaume.

Koma Madamu ndinawapezera chifukwa. Ndikawapatsa kambale, ankakanyamula kuloza kuzenera, n'kupendeketsa mutu ngati mayi wosankha nsalu pamsika. Mlungu wina kutazizira koopsa, kapepala kanatuluka kakuda kuposa kale lonse, mwana wanga n'kuti atasanza ndi kutsokomola mlungu wonsewo. Iwo anati, "Eya, aka ndiye kabwino kwambiri." Kabwino! Ndinaluma lilime mpaka kumva magazi. Ndikudziwa zimene ankatanthauza, sindine mbuli. Koma mawu amenewo anandilowa ngati singano ndipo sanatulukemo.

Chakumapeto kwa Juni, atatsala pang'ono kunyamuka kupita kuphiri, ndinalimba mtima. Ndinadikira amalize tiyi. Ndinaima pakhomo la khitchini manja kumbuyo, monga tinaphunzitsidwira popempha kwa akulu.

"Madamu, ndili ndi pempho. Chipinda cha kuseri chija. Mutandilola ine ndi mwana tigonemo mpaka chisanu chithe. Mabotolo ndiwasamala, ndiwaika pamene munganene."

Anapumira m'mwamba. Anati akumvetsa, mtima wawo ukuwawa. Koma mabotolo aja safuna fungo lililonse, ndipo mwana ndi sopo, ndi mankhwala opaka pachifuwa, ndi zophikaphika. Chipinda chikangolowa fungo chimatenga nthawi kuti chiyere. Kenako ananena chimene sindidzaiwala.

"Komanso ukasamukira kuno, makina aja aziyang'anira ndani? Tafika pakati. Pirira pang'ono, Ogasiti sali kutali. Chisanu chikatha tidzakambirana za chipindacho."

Chisanu chikatha chipindacho ndidzachifuniranji? Funso limeneli ndinalimeza. Ndinati, "Chabwino, Madamu," n'kutenga kapu yawo kukatsuka. Mawa lake ndinawathandiza kulongedza majuzi ndi nsapato za kuphiri, ndi ena mwa mabotolo aja, lililonse m'kabedi kake ka siponji. Anandisiyira makiyi monga mwa nthawi zonse, kuti ndizithirira maluwa ndi kutsegula mazenera.

Sipanapite nthawi. M'mawa wina ndikumuveka mwana juzi ndinaona kuti sakulira, sakukana, sakunena "ayi" wake uja. Khungu la pakati pa nthiti linkalowa m'kati akamakoka mpweya, milomo itasanduka ngati phulusa. Kampope sikanathandize. Amuna anga anali asanaweruke. Ndinathamanga naye kumsewu ndili ndi patapata phazi limodzi, ndipo woyendetsa tekisi, Mulungu amudalitse kumene ali, anatsitsa anthu n'kutithamangitsira kuchipatala. Anamuveka kachigoba ka mpweya kumaso. Ndinakhala pambali pa bedi kuyang'ana kachigobako kakuchita nthunzi n'kuyera, kuchita nthunzi n'kuyera. Ndinaganiza za anthu a kuphiri aja odikira mphepo kuti akazinge dzira.

Tinakhalamo masiku angapo. Potitulutsa nesi anandiuza kuti, "Mama, mwanayu mumutalikitse ndi utsi." Ngati utsi ndi galu woti n'kumugenda. Ndinafunsa kuti ndimutalikitsire kuti. Anakweza mapewa, ndipo sindimuda, mzere unali wautali kumbuyo kwanga.

Tsiku lomwelo Madamu anaimba foni ali kuphiri. Mawu ankadukaduka ndi mphepo. Ndinawauza zonse. Anadandaula monga amachitira anthu a kuno, "Shemu, shemu, mwana wosalakwa. Ali bwanji tsopano? Akudya?" Anafunsa bwino, ngati munthu. Kenako ndinadziwa chimene chikubwera chisanatuluke.

"Nanga kapepala ka Lolemba lapitali, unakwanitsa kusintha?"

Ndinati foni ikuduka. Ndinaithimitsa.

Pano ndiyenera kunena zoona zokhazokha. Ndikanatha kusiya makinawo padenga n'kumabwera Lolemba lililonse kudzasintha kapepala. Tekisi zilipo. Ndikanatha, koma sindinafune. Ndinakwera makwerero masana dzuwa likuswa mtengo, ndinamasula waya uja ndi manja mpaka kudzicheka, ndinathimitsa makinawo, ndinawakulunga m'chitenje n'kuwakankhira pansi pa bedi. Masitandi ankandiyang'ana ali pampando wawo. "Yatopa mphuno ya madamu?" Ndinati yatopa. Amuna anga ndinawauza kuti Madamu apempha ndizigona ku Edenvale kulondera nyumba, ndipo alola ndipite ndi mwana. Anasangalala, anati pali azungu ena amtima.

Nditafika, mabokosi otsala a mabotolo ndinawanyamula limodzilimodzi, mosamala, sindinagwetse ngakhale limodzi. Sindinawaike m'galaja ayi, ndinkadziwa kuti fungo la petulo lingawaononge. Ndinawalowetsa kuchipinda chogona cha Madamu, n'kuwasanja bwinobwino m'mbali mwa bedi lawo. Ndinati ngati ali ana awo, agone nawo. M'chipinda cha kuseri ndinayala matiresi, ndinatsegula zenera la kumandimu, ndinamupaka mwana mankhwala a pachifuwa onunkhira aja mosaumira.

Mpweya wa ku Edenvale si wa kuphiri, nawonso uli ndi zake. Koma pasanathe mlungu kamphaka kaja kanatuluka m'kabati. Mwana wanga anayamba kuthamanga pa kapinga, kuthamangitsa mbalame zaphokoso za milomo yaitali, kutola mandimu n'kuwaluma n'kukwinya nkhope. Ndege ikadutsa ankaloza n'kukuwa ndi mawu athunthu, osathera m'chifuwa. Ankagona chagada manja atatambasula ngati mwini nyumba. Khutu langa linachoka pamsana pake. Ndinazindikira kuti chibadwire chake sindinamuonepo akuseka nthawi yaitali osatsokomola, ndipo m'malo mosangalala ndinakwiya koposa. Kutereku zinali zotheka? Mtunda wa tekisi ziwiri basi, ndi chitseko chimodzi chimene makiyi ake anali m'thumba mwanga nthawi yonseyi?

Madamu anabwera msanga kuposa mmene ananenera. Kuphiri kunagwa chipale chofewa, china chake chinathyoka, anawatsitsa. Ndinamva chipata chikutseguka masana ndikuyanika zovala, timadiresi ndi timasokosi tili ndandanda pa chingwe chawo. Mwana anathamangira galimoto atanyamula ndimu. Madamu anatsika, anamuyang'ana, anayang'ana chingwe, anayang'ana ine. Anagwada n'kulandira ndimu lija, anati zikomo. Kenako analowa m'nyumba, ine pambuyo. Anaima pakhomo la chipinda chawo nthawi yaitali akuyang'ana mabokosi.

"Ukanandiuza," anatero.

"Ndinakupemphani, Madamu."

Tinabwerera kukhitchini. Anatsuka m'manja, anapukuta, ndipo osanditembenukira anafunsa za timapepala.

"Palibe. Makina ali pansi pa bedi ku Tembisa."

"Kuyambira liti?"

"Kuyambira tsiku munaimba lija."

Anakhala pansi. Sanakuwe. Bola akanakuwa. Anati Julayi ndiye mtima wa chisanu, ndi pamene utsi umachuluka, ndipo popanda Julayi zonse zimene tinasonkhanitsa zasanduka zidutswa. Ayenera kudikira chaka china. "Ku Tembisa kuli ana angati? Ukuganiza ndimachitira ndani zimenezi? Ndimachitira iwowo. Ndimachitira wakoyu."

"Wanga ndi mmodzi, Madamu. Chaka china chimenecho mwina sakanachiona."

Apa mkwiyo wonse umene ndinkameza unatuluka, m'Chingerezi changa cha kukoleji chimene anali asanachimvepo chonse. Ndinawauza kuti kuphiri kwawo galimoto imaima m'munsi kuopa kudetsa mpweya, koma mwana wanga anamusiya m'kati mwa poto atavundikira, kuti kapepala kade bwino. Ndinawauza kuti botolo lopanda kanthu lili ndi zenera ndi bafa. Ndinawakumbutsa mawu awo aja akuti kabwino kwambiri. Anatseka maso. Mwana anali pakhomo akutiyang'ana, chala m'kamwa.

Sanandichotse. Ichi ndiye chimene ndabisa. Anati tiiwale zachitikazi. Ntchito ndipitirize. Mwana amutengera kwa dokotala wawo wa chifuwa, alipira okha. Makina abwerere padenga lero lomwe kuti tipulumutseko Ogasiti. Koma chipinda chibwerere kwa mabotolo, chifukwa abwera nawo ena odzaza ndi mpweya wa kuphiri ndipo alibe kwina kowaika.

Ndinayang'ana pazenera. Dzuwa linali litayamba kupendeka, ndipo ndinadziwa kuti ku Tembisa mbaula zayamba kutuluka. Ndinapisa m'thumba la epuloni, ndinaika makiyi patebulo pafupi ndi ndimu lija. Ndinalongedza zovala zisanaume, ndinabereka mwana. Anandiitana kawiri ndili panjira ya kuchipata. Sindinacheuke.

Makina ndinawabweza mawa lake. Ndinawasiya kwa bambo wosamalira maluwa wa nyumba yoyandikana nayo kuti akawapatse Madamu. Anali ndi mwaye wa padenga, fumbi la pansi pa bedi, ndi kapepala komaliza kali m'kati momwemo. Sindinawapukute. M'moyo wanga wonse chimenecho ndi chinthu choyamba chobwereka chimene ndinabweza chili chakuda.

Kamphaka kanabwerera m'chifuwa pasanathe masiku. Tsopano ndinalibe ntchito, ndinalibe chipinda, ndinalibe dokotala uja. Amuna anga ankatukwana Madamu madzulo alionse chifukwa chondichotsa popanda chifukwa, ine n'kumangoti zisiyeni. Mwana atabanikanso kachiwiri tinagwirizana zimene ndinalumbira kuti sindidzachita. Mayi wina wa kutchalitchi ankapita kumudzi pa basi, ndipo tinamupatsira mwana kuti akamusiye kwa achemwali anga aakulu ku Dedza. Pokwera basi sanalire, ankaganiza kuti tikupita tonse. Ndinabisala kuseri kwa kalavani ya katundu mpaka basi inatuluka.

Ali kumeneko tsopano, m'munsi mwa phiri. Kumazizira kuposa kuno, ndipo moto amakoleza, koma mphepo imanyamula utsi n'kupita nawo. Achemwali akuti kampope kaja kali m'kabati, sakumbuka tsiku limene anakagwiritsa ntchito komaliza. Wanenepa. Amalankhula ziganizo zathunthu. Ndikaimba pa vidiyo amandiyang'ana pang'ono, n'kutembenukira kwa achemwali kuwafunsa kuti, "Amayi, ndipite kukasewera?" Ine ndimamwetulira mpaka foni itathima.

Ndimagwira maganyu a masiku awiri pa mlungu ku Bedfordview. Madamu ananditumizira uthenga kamodzi kufunsa za mwana, sindinayankhe, ndipo sindinaufufute. Sindikudziwa ngati anapeza denga lina la makina awo. Chisanu chikafika ndimatsika tekisi madzulo, n'kuona ana a eni akusewera mpira m'kati mwa utsi uja, ena akutsokomola atagwira mawondo, ndipo mawu aja amandibwerera: ku Tembisa kuli ana angati? Mwina timapepala ta Julayi tikanafika patebulo la munthu wina wamphamvu. Mwinanso tikanangothera m'kabati, chivundikiro chili pomwepo. Sindidzadziwa. Chimene ndikudziwa n'chakuti ndikanameza mkwiyo tsiku lija, bwenzi ndili ndi ntchito, mwana ali ndi dokotala, ndipo bwenzi akunditchabe amayi. Koma bwenzi atagona mu utsi mwezi wina wathunthu, pansi pa makina omuyezera, ine ndikukwera makwerero Lolemba lililonse.

Amuna anga adzawerenga izi kapena adzamva kwa anthu, ndipo za kumeneko ndidzaziona. Koma inu amene mwafika nane mpaka pano, makamaka inu amene munaikapo khutu pamsana pa mwana: mukanasiya makina aja padenga? Mukanatola makiyi aja patebulo n'kunena kuti chabwino, Madamu? Mwana wanga akupuma, koma akupumira kutali ndi ine. Ndiuzeni mosandinyengerera, ndinachita bwino kodi?